A Sajeni Mwangomba ndi Wotchi ya M'kompyuta

Dzina lawo lenileni linali Ambokile Mwangomba, koma pasikimu ya mpunga pamene ndinkagwira ntchito panalibe wowatchula choncho. Tonse tinkangoti a Sajeni. Ngakhale akazi awo, mayi Dora, powaitana kumunda ankakuwa kuti, "A Sajeni!" ndipo iwo ankayankha ataima njo, khasu lili m'manja.

Ine ndine Chrissie, kwathu ndi ku Chiradzulu. Boma linanditumiza ku Karonga mu 1989 kuti ndikakhale kalaliki, ndipo musandifunse mmene ndinalirira m'basi. Ndinasiya kulira titafika pa Uliwa, osati poti mtima unakhala pansi, koma kutentha kwa kumeneko kunandiumitsa misozi. Sikimu yathu sinali yaikulu ngati ya ku Wovwe. Inali kumpoto kwa Boma, mukamapita ku Songwe: kaofesi ka zipinda ziwiri, mapuloti a mpunga, ndi ngalande imodzi yaikulu yokhala ndi mageti khumi ndi limodzi. Wotsegula ndi kutseka mageti amenewo anali a Sajeni.

Anabadwira m'nthochi za ku Kaporo. Anaweta ng'ombe za bambo awo mpaka atamera ndevu, kenako anathawa n'kukalembetsa usilikali ku Keyala, gulu lankhondo la nthawi ya azungu. Poti ankadziwa kuwerenga, anawaika pa wayilesi yotumizira mauthenga, ndipo kumeneko n'kumene anatengera matenda awo a nthawi. Anabwerako ndi zinthu ziwiri, bondo lovuta ndi wotchi yapamkono imene ankaipukusa m'mawa uliwonse asanasukusule n'komwe. Malo a makolo awo anapeza abale atagawana kale. Sikimu itatsegulidwa mu 1974 anawalemba ntchito ya mageti, n'kuwapatsanso puloti ya kumunsi kwenikweni, pamene ngalande yaing'ono imathera. Aliyense anaikana puloti imeneyo chifukwa madzi amafikako otsala. Iwo anangoti "ndaga," ndiko kuthokoza kwa Chinkhonde, n'kuyamba kulima.

Ukawafunsa nthawi sankanena kuti wani koloko ngati anthu. Ankati, "Satini handiredi, mwana wanga." Masiku oyamba ndinkapsa mtima.

"A Sajeni, ine ndafunsa nthawi, sindinafunse mtengo wa ng'ombe."

Ankaseka, koma osasintha. Ati kunkhondo tsiku lili ndi maola makumi awiri ndi anayi, ndipo lililonse lili ndi dzina lake, palibe maola awiri ogawana dzina limodzi ngati ana a m'mudzi.

Chodabwitsa n'chakuti kwa alimi sankatchula manambala amenewo ngakhale pang'ono. Madzi pasikimu amayenda mosinthana. Geti likatsegulidwa, mlimi aliyense wa mzere umenewo amayenera kukhala ataima papuloti yake ndi khasu, kuti agumule kakhoma ka dothi madzi alowe, akadzadza n'kutsekanso. Ukapanda kukhalapo madzi amangokudutsa, ndipo umadikira masiku asanu ndi atatu kuti nthawi yako ikwanenso. Ndiye madzulo alionse dzuwa litapendeka, a Sajeni ankakwera njinga yawo, kiyi wa mageti atamumanga pakaliyala, chitsulo chotalika ngati mkono chokhota kunsonga. Ankaima pakhomo pa mlimi aliyense amene mawa lake ndi la madzi, n'kukweza mkono.

"Mawa, dzuwa likafika apa."

Basi. Zaka khumi ndi zisanu ndi zitatu, ndipo panalibe amene anaphonyapo madzi.

Tsiku lina ndinawafunsa chifukwa chodzivutitsira choncho ndi bondo lawo lija. Anandiuza kuti pasikimu pathu panali mawerengedwe awiri a nthawi. Ife a muofesi tinkawerenga za kusukulu. Koma alimi ambiri a mzere wa kumunsi anali anthu amene anakhalitsa kutsidya kwa Songwe, ku Tanzania, ndipo anabwerako ndi kawerengedwe ka kumeneko, koyambira dzuwa likatuluka. Kwa iwo ola loyamba ndi limene ife timati seveni koloko m'mawa. Ukawauza kuti wani, amamva m'mawa dzuwa likadali lofewa, pamene iwe ukunena masana dzuwa lili paliwombo.

"Mkono sunama chilankhulo chilichonse," anatero a Sajeni.

Kenako kunabwera 1992, chaka cha chilala chija. Mtsinje unatsika mpaka ng'ombe zinkawoloka osanyowa mimba. Chaka chomwecho tinalandira zinthu ziwiri zatsopano: manijala, a Gray Makwinja ochokera ku Lilongwe, ndi kompyuta imene linapereka bungwe lina lakunja. Mzungu amene anaibweretsa anakhala masiku awiri, n'kundiphunzitsa kulowetsa mayina a alimi ndi kusindikiza ndandanda ya madzi papulinta, n'kusiya chibuku chonenepa mukabati. Magetsi kunalibe. Jenereta inkalira kuyambira eyiti mpaka leveni koloko, ndipo ikazima ndinkaifunda kompyutayo chitenje kuopa fumbi.

A Makwinja sanali munthu woipa mtima, ndisawanamizire. Vuto lawo linali lakuti chinthu chikalembedwa papepala, kwa iwo chatha. Ndiponso ankaopa. Inu amene munabadwa pambuyo pake simungamvetse. Chaka chimenecho kunkayenda timakalata tamseri totsutsa boma, ndipo tinkamva kuti kumatauni anthu akutengedwa chifukwa cha makina olembera. Ndiye tsiku loyamba lomwe anandiimika pafupi ndi kompyutayo n'kundiloza chala.

"Mayi Chrissie, muzichita zokhazo zimene mzungu uja anakuonetsani. Mukagwira china chilichonse, mukayankha nokha. Ine sindidzakudziwani."

Kwa a Sajeni anati zoyendayenda m'makomo zithe. Ati kumeneko n'kucheza pa nthawi ya boma, ndiponso masiku ano munthu woyenda khomo ndi khomo madzulo anthu angamuganizire zina. Ndandanda izikhomedwa pabolodi panja pa ofesi, alimi aziwerenga okha, ndipo iwo azingotsegula geti, n'kuthamangira lina.

"Bwana, alimi ena amawerenga nthawi mwa kutsidya," anatero a Sajeni.

"Kuno ndi ku Malawi, madala. Aphunzire."

A Sajeni anagunditsa zidendene n'kutuluka. Msilikali satsutsa kawiri.

Ndandanda yoyamba ya mu Okutobala inati mzere wa kumunsi ulandire madzi 1:00. Kompyuta inkalemba nthawi papepala monga mmene inkaionetsera pagalasi pake, nambala kenako timalemba tiwiri tachingerezi tosonyeza kuti ndi masana. Timalemba timeneto ndani akanatilabadira? Alimi anaona wani, n'kufika m'mawa ndi makasu awo. Anadikira maola awiri, ngalande ili gwa. Anati mwina mtsinje wakanika, poti chinali chilala, ndipo anapita kukaima pamzere wa chimanga cha thandizo. Masana a Sajeni anatsegula geti monga mwa pepala, n'kukwera njinga kupita ku geti lina. Madzi anadutsa mapuloti onse osagumulidwa aja mpaka kukathera kumunsi. Ndipo kumunsiko kunali puloti ya ndani?

Patapita masiku asanu ndi atatu zinachitikanso chimodzimodzi. Apa tsopano dothi linang'ambika. Mayi Yunike, mkazi wamasiye wa ana anayi amene puloti yake inali pakati pa mzerewo, mbande zake zonse zapanazale zinapsa. Madzulo ake akudutsa kumunsi anaona puloti ya a Sajeni ili ndi madzi ofika m'akakolo, mpunga uli biliwiri, achule akuimba. Mayo! Mayi ameneyo anali ndi mawu. Anakumana nawo panjira n'kuwagwirira njinga.

"Ndaima pangalande kuyambira ola loyamba mpaka dzuwa kundiwotcha msana, inu mukusungira madzi puloti yanu! Mfiti yamadzi inu!"

A Sajeni atangomva zoti ola loyamba anadziwa pamene palakwika. Anayesa kufotokoza, koma wakuba akamakuuza kuti pepala la boma ndi limene lakusokoneza, ungamukhulupirire? Nkhani inafika kukomiti ya alimi, kuchoka kumeneko inafika kwa a tcheyamani a chipani a m'dera lathu, ndipo mlandu unaikidwa Lachisanu la sabata yotsatira. Lamulo la pasikimu linali lodziwika: wakuba madzi amalandidwa puloti n'kuthamangitsidwa. Kwa a Sajeni zikanapita zonse, ntchito, puloti ndi dzina, munthu wa zaka zoposa makumi asanu ndi limodzi wopanda kwina kokalima.

M'mawa mwake a Sajeni anabwera kuofesi n'kuwafotokozera a Makwinja zonse. Ine ndinali pomwepo, ndinamva ndi makutu angawa. Anapempha kuti nthawi papepala izilembedwa mwina. A Makwinja anati makina amalemba mmene anawapangira azungu, ndipo sangasinthe chifukwa cha anthu osapita kusukulu. Atatero analowa m'chipinda chawo n'kutseka chitseko.

A Sajeni anatsala ataima kumbuyo kwanga, chipewa chili m'manja, akuyang'ana kawotchi ka pagalasi.

"Mwana wanga, makina anzeru chonchi sadziwa kuwerenga nthawi ngati asilikali?"

"Zithandiza chiyani, a Sajeni? Alimiwo ndi asilikali?"

"Ayi. Koma kuwerenga kwawo kumathera pa khumi ndi ziwiri. Akaona 13 pabolodi sanganene kuti ndi ola loyamba. Aima, afunsa. Akaona 07, ziro ali kutsogolo, adziwa kuti iyi si nthawi yakwawo, afunsanso. Safunsa anadya phula. Ine ndikungofuna pepala lowachititsa kufunsa."

Ndinadziwa kuti akunena zoona. Ndinadziwanso kuti chibuku cha mzungu chili mukabati, mkono umodzi kuchokera pamene ndinakhala. Koma ndinaganiza za mayi anga ku Chiradzulu, ndinaganiza za galimoto zodzatenga anthu, zobwera osaliza hutala, ndipo ndinayankha osawayang'ana.

"Sindidziwa, a Sajeni. Mzungu sanandionetse."

"Chabwino, mwana wanga," anatero, n'kuvala chipewa.

Ndikuchita manyazi mpaka lero ndi mawu amenewo. Sabata yonse ndinkawaona pawindo akudutsa ndi njinga, anthu osawapatsa moni. Munthu amene ankandibweretsera nthochi ndi chambiko ndili mlendo wosadziwa ngakhale kupempha madzi akumwa m'Chinkhonde! Mayi Dora anasiya kupita kuchigayo masana chifukwa cha zonena za akazi anzawo. Ine ndinkangotaipa, kudya osamva kukoma, n'kumakalipira pulinta ikatafuna pepala ngati ndiyo yandilakwira.

Lachisanu m'mawa a Makwinja anapita kumsewu kukachingamira a tcheyamani. Jenereta inali ikulira. Ndinatsegula kabati n'kutulutsa chibuku chija, mozemba ngati ndikuba nkhuku. Ndinafufuza kumapeto pamene pali mndandanda wa mawu mpaka ndinapeza tsamba lake. Abale inu, kanthu kake kochepa! Ndinagwira mausi, n'kutsegula pamene pamakhala zosinthira makina, n'kulowa pa chithunzi cha dziko lapansi, pamene munthu amasankha kalembedwe ka masiku ndi nthawi. Panali timabowo tiwiri, kena ka maola 12, kena ka maola 24, ndipo kadontho kakuda kanali m'koyambako. Ndinakasamutsira m'kachiwiri. Pansi pake panali posankha ngati ziro azikhala kutsogolo kwa maola a m'mawa, ndinasankhanso pamenepo, n'kudina povomereza. Kawotchi kanaphethira n'kulemba 09:12. Ndinasindikiza ndandanda ya sabata yotsatira, ndipo pa mzere wa kumunsi panatuluka 13:00, popanda timalemba tija. Zonsezo sizinathe ngakhale mphindi zitatu. Sabata yathunthu munthu wamkulu akutukwanidwa chifukwa cha kadontho.

Pepalalo ndinalipinda n'kulilowetsa m'bulauzi. Choti ndichite nalo sindinkadziwa.

Mlandu unakhala pansi pa mtengo wa mango, kuseri kwa ofesi. A tcheyamani anakhala pampando wa a Makwinja umene tinautulutsa, baji ili pachifuwa, a komiti pabenchi, alimi pansi. Ine anandiika pambali kuti ndizilemba. Mayi Yunike analankhula koyamba, ndipo sanasiye kanthu. Atatha, a Sajeni anaimirira, atavala kabudula wawo wa khaki wosita ndi masokosi ofika m'mawondo.

"A tcheyamani, ndili ndi funso limodzi kwa mayiwa. Mayi Yunike, pepala linati wani. Lozani ndi mkono pamene dzuwa linali mutafika pangalande."

Mayi Yunike analoza kum'mawa, m'munsi, pamwamba pa nthochi.

"Bwana manijala, inunso lozani pamene dzuwa limakhala ikakwana wani ya papepala lanu."

A Makwinja anayang'ana uku ndi uku, koma a tcheyamani anawagwedezera mutu. Anakweza mkono n'kuloza kumwamba, paliwombo. Mikono iwiri ija inakhala m'malere choncho, wina uku wina uko, ndipo anthu anayamba kung'ung'udza. Wina kumbuyo anaseka. Mayi Yunike anatsitsa mkono wawo pang'onopang'ono n'kugwira pakamwa.

Ndinati basi zatha. Koma munthu akachititsidwa manyazi pagulu amaluma. A Makwinja anati chabwino, alimi anasokonezeka, koma madalawa ankadziwa kalekale za kawerengedwe kameneka, ndipo anangokhala chete kuti madzi azithera kwawo.

"Ndinakuuzani, bwana," anatero a Sajeni. "Ndinapemphanso kuti pepala lizilembedwa mwina."

"Bodza! Sanandiuze kanthu. Ndipo makina aja sangalembe mwina. Akufuna kukankhira mlandu wawo pa katundu wa boma."

A tcheyamani anayamba kugwedeza mutu movomereza, a komiti nawonso. Ndinaona puloti ija ikupita. Mtima wanga ndi waufupi, mayi anga ankanena kuti udzandiphetsa. Ndisanaganize n'komwe ndinapezeka ndaimirira, kope lagwa pansi, pepala lili m'manja.

"Angathe! Makinawo angathe kulemba mwina, nali pepala. Ndipo a Sajeni anabwera kudzanena, ine ndinalipo!"

A tcheyamani analandira pepalalo n'kuliyang'ana nthawi yaitali, atalitalikitsa ndi maso.

"Satini? Fotini? Wotchi yanji yofika fotini?"

Mmodzi wa a komiti, pofuna kuthandiza, anati, "Imeneyo ndi nthawi ya asilikali, a tcheyamani."

Ha! Akanangokhala chete bambo ameneyo. Nkhope ya a tcheyamani inasintha. Chaka chimenecho mawu akuti asilikali sankatchulidwa mwachisawawa pamaso pa anthu a chipani, poti panali mphekesera zoti asilikali ndi chipani sakumwerana madzi.

"Ndani wauza makina a boma kuti aziyendera za asilikali? Mwayamba ndi nthawi, mawa mulembapo chiyani?"

"Ine ndinaletsa, a tcheyamani," anafulumira a Makwinja. "Ndinanena pamaso pa mayiwa kuti wogwira china chilichonse akayankha yekha."

Maso onse anabwera kwa ine. Ndinali ndi zaka makumi awiri ndi zisanu, mlendo, wopanda m'bale ngakhale mmodzi chigawo chonse cha kumpoto.

"Ndine."

Anali a Sajeni, ataima njo, manja m'mbali.

"Ndine ndagwira makinawo, a tcheyamani. Mwanayu anatuluka m'mawa kukatunga madzi akumwa, ine n'kulowa. Ndinagwira wayilesi zaka zisanu ndi ziwiri ku Keyala, makina sandiopsa. Iye wangopeza pepala latuluka. Nthawi ya asilikali aidziwira kuti mwana wa ku Chiradzulu? Aliyense pano akudziwa amene amayankhula satini handiredi."

Anthu anavomereza, poti zinalidi choncho. Bodzalo linawakhala bwino kuposa mmene choonadi chikanandikhalira ine. Munthu amene sanagwirepo mausi chibadwire, amene ankaima patali ndi kompyuta ngati ili ndi chifuwa chachikulu! Ndinatsegula pakamwa, koma anandiyang'ana kamodzi kokha, mmene ankayang'anira mlimi wofuna kugumula khoma nthawi yake isanakwane. Ndinakhala pansi n'kutola kope langa. Akuluakulu anati nkhuyu zodya mwana zinapota wamkulu, ndipo tsiku limenelo ndinaziona ndi maso.

Chigamulo chinatuluka dzuwa lisanafike paliwombo. Pa za madzi, a Sajeni alibe mlandu, puloti ndi yawo, ndipo wowatchulanso wakuba adzalipira mbuzi. Pa zogwira makina a boma popanda chilolezo, ntchito yawathera mwezi ukatha, ndipo athokoze imvi zawo kuti nkhaniyi sipita kupolisi. A Sajeni anagunditsa zidendene n'kunena kuti, "Ndaga."

Kenako a tcheyamani analamula kuti wotchiyo ibwezedwe mmene inalili. Tinalowa muofesi, jenereta n'kuilizanso. A Makwinja anaima kutsogolo kwa kompyuta manja ali m'chiuno, ndipo apo m'pamene ndinadziwa kuti bwana wanga sankadziwa ngakhale poyatsira. Anatembenukira kwa ine.

"Bwezani."

Ndikanabweza pa mphindi imodzi. Koma ndikanangogwira mausi n'kupita molunjika pa kadontho kaja, bodza la a Sajeni likanafera pomwepo, ine n'kupita nalo limodzi.

"Sindidziwa mmene anachitira, bwana. Mzungu sanandionetse."

Anaitana a Sajeni. Iwo anayang'ana galasi, kuyang'ana kiyibodi, n'kukanda m'mutu.

"Ndaiwala, bwana. Ukalamba."

A Makwinja analemba kalata ku Lilongwe yopempha katswiri. Katswiriyo mpaka ine kuchoka pasikimupo mu 1996 anali asanafike.

Lolemba ndandanda yatsopano inakhomedwa pabolodi, poti ina panalibe. Ndinkaonera pawindo. Alimi ankafika, kuyang'ana, kukodolana, kenako mmodzi n'kugogoda.

"Mayi kalaliki, satini imeneyi ndiye dzuwa lili pati?"

Ndinkatuluka n'kukweza mkono. Pofika sabata yachitatu anasiya kufunsa, ena mpaka ankatchula okha manambalawo monyada. Mayi Yunike anafika pangalande nthawi yake, madzi analowa. Mbande zowokera anapatsidwa ndi mayi Dora, zochokera papuloti yomwe ija ya achule, ndipo anazilandira akulira, osatha kuyang'ana kumaso. Puloti ya a tcheyamani nayo inkalandira madzi bwinobwino, ndiye za katswiri sanazifunsenso.

Tsiku lomaliza la mwezi a Sajeni anatsegula mageti awo onse khumi ndi limodzi, kuwapaka girisi, n'kubwera kuofesi jenereta isanazime. Kiyi uja anali atamupukuta mpaka kuwala pogwirira. A Makwinja anali m'chipinda chawo, chitseko chili pululu, koma sanatuluke. Anangokuwa kuti asiye kwa kalaliki.

Anaika chitsulocho patebulo langa mosamala, kuti chisagunde kompyuta. Ine misozi inali itayamba kale, ndipo ndinalankhula motsitsa.

"A Sajeni, ndikanachita tsiku lomwe munandipempha lija, bwenzi..."

Anakweza dzanja kundiletsa, n'kuloza ndi maso chitseko chotsegula chija. Kenako anawerama kuyang'ana kawotchi ka pagalasi, kamene kanali pa 10:41, n'kuyang'ana yawo yapamkono. Anapukusa mutu.

"Yatsalira ndi mphindi ziwiri," anatero mokweza, kuti a m'chipinda amve. "Koma usaigwire, mwana wanga. Iwe makina amenewa suwadziwa."

Anavala chipewa n'kutuluka, ndipo ndinawaona pawindo akukankha njinga, pakaliyala palibe kanthu.